Kodi Kwanu Banja Mumalimanga Bwanji? Miyambo, Malamulo ndi Kachilombo ka HIV

Tsiku lina pamsonkhano wa kalabu ya achinyamata tinafunsa funso looneka ngati lachibwana: "Kodi banja n'chiyani?" Mnyamata wina sanachedwe kuyankha monga anaphunzirira ku pulayimale, kuti banja ndi bambo, mayi ndi ana. Tinavomera. Kenaka tinapempha kuti onse amene akugona nyumba imodzi ndi bambo komanso mayi awo owabereka aimike mkono. Manja amene anakwera anali owerengeka. Ena akukhala ndi agogo, ena ndi azakhali kapena amalume. Mtsikana wina anati bambo ake ali ku Joni ndipo chino n'chaka chachinayi. Wina anati bambo ake ali ndi nyumba ziwiri, amagona mosinthanasinthana. Panalinso mnyamata amene sanayankhule kanthu, koma tonse tinkadziwa kuti pakhomo pawo wamkulu ndi iyeyo.

Onsewa ndi mabanja, ndipo palibe amene ayenera kuchita manyazi ndi pakhomo pomwe akuchokera. Chimene chatichititsa kulemba nkhaniyi n'chakuti ife amene timayenda khomo ndi khomo pantchito ya zaumoyo taona kuti matenda a Edzi akalowa pakhomo, zimene zimachitika pambuyo pake zimatengera kwambiri mmene banjalo linamangidwira. Ndani adwazike matenda? Ndani atenge ana? Nyumba ndi munda zikhala za yani? Nanga mayi wamasiye achite chiyani kuti "amasulidwe"? Mayankho a ku Mzimba ndi osiyana ndi a ku Machinga, ndipo a ku Nsanje ndi enanso. Pamwamba pa zonsezi pali malamulo a dziko, amene achinyamata ambiri sitiwadziwa.

Chikamwini, chitengwa ndi lobola

Pakati pa Achewa, Ayao, Alomwe ndi Amang'anja, mwambo waukulu wa ukwati ndi chikamwini. Mwamuna amachoka kwawo kukamanga nyumba kwawo kwa mkazi. Munda umene amalima ndi wa kuchikazi, ndipo ana amawerengedwa kumtundu wa mayi awo. Amene ali ndi mawu aakulu pa anawo ndi mlongo wa mayi, amene ana amamutchula kuti atsibweni kapena amalume. Iyeyu ndiye mwini mbumba. Palinso chitengwa, pamene mwamuna amapempha kwa eni mbumba kuti atenge mkazi wake akakhale naye kwawo. Chitengwa chafala kwambiri m'chigawo chapakati, komabe mwamwambo ana amakhalabe a kuchikazi.

Kumpoto, pakati pa Atumbuka, Angonde ndi Angoni a ku Mzimba, komanso pakati pa Asena a ku Nsanje ndi Chikwawa, zinthu n'zosiyana. A kuchimuna amapereka lobola, kaya ng'ombe kaya ndalama, mkazi amapita kukakhala kwa mwamuna, ndipo ana amakhala a kuchimuna.

M'makalabu mumabuka mkangano wokoma pa nkhaniyi. A kumpoto amaseka anzawo kuti amuna awo ndi alendo m'nyumba zawo zomwe, pamene a kumwera amabwezera kuti kumpoto akazi amagulidwa ngati mbuzi. Ife sitiimira mbali. Mwambo uliwonse uli ndi pomwe umateteza munthu komanso pomwe umamusiya pamtunda.

Pachikamwini, bambo akamwalira mayi amatsala pamudzi pawo, pamunda wake, pakati pa abale ake, ndipo ana sasamuka. Ichi n'chitetezo chachikulu. Koma taonaponso abambo ena akuthawa udindo wolipirira ana sukulu ponena kuti ana ndi a amalume awo, pamene amalumewo akuti ana ndi a amene anawabereka. Ukwati wa chikamwini suvutanso kutha. Bambo amangonyamula bulangeti lake n'kupita kukalowa pakhomo pena, mayi naye pakapita nthawi amalandira mwamuna wina. Kukwatiranso si kulakwa, koma ngati anthu akulowa m'banja lachiwiri ndi lachitatu osayezetsa magazi, kachilombo kamayenda nawo mudzi ndi mudzi. Ndipo mkamwini akadwala kwambiri, nthawi zina amatumizidwa kwawo kuti abale ake akamuone okha. Paulendo woterewu ndi pamene ambiri amasiyira kumwa mankhwala.

Kumene kuli lobola, bambo ndi abale ake amadziwa kuti ana ndi udindo wawo ndipo sauthawa wamba. Koma mayi amene akuona kuti mwamuna wake akuyenda mosayenera, kapena akumumenya, zimamuvuta kuchoka. Amaopa kusiya ana, ndipo makolo ake amaopa kubweza ng'ombe zimene mwina anadya kale kapena anakwatitsira mchimwene wake. Mayi wotere amapirira, ndipo ngakhale kutchula kondomu m'nyumba amaopa.

Masiku ano achinyamata akukumana ku sukulu, ku Ndirande, ku Kawale, ku Chibavi, n'kumanga banja osayang'ana mtundu. Izi n'zabwino, koma ankhoswe akapanda kukambirana bwino pachiyambi, vuto limadzaoneka pamaliro. Bambo akakhala Mtumbuka, mayi Mlomwe, mbali zonse ziwiri zikhoza kulimbirana ana. Zikakhala mosemphana, bambo Mlomwe, mayi Mtumbuka, nthawi zina mbali iliyonse imaloza inzake, ana n'kutsala pakati opanda wowatenga.

Maliro akatha, katundu ndi wa yani?

Munthu woyamba kupezeka ndi matenda a Edzi m'Malawi muno anapezeka mu 1985, ndipo mankhwala otalikitsa moyo a ma ARV anayamba kuperekedwa mwaulere m'zipatala za boma mu 2004. Pakati pa zaka zimenezi anthu ambiri amene anali pamsinkhu wogwira ntchito ndi kulera ana anamwalira. Ambiri mwa ife tinakula tikumva nkhani za achibale amene ankafika pamaliro maso ali pa njinga, wailesi, makina osokera ndi malata, mpaka mphasa imene mayi wamasiye wakhalira. Mchitidwe wolanda katundu wa amasiye unakula kwambiri nthawi imeneyo.

Chimene ambiri sadziwa n'chakuti lamulo lakale la chuma chamasiye, la mu 1967, linkagawa katundu potengera mwambo wa ukwati. Bambo akamwalira osasiya wilo, ngati anakwatira mwa lobola, mkazi, ana ndi ena odalira malemuyo ankalandira theka la chuma, theka linalo n'kupita kwa olowa chuma mwamwambo. Ngati anakwatira mwa chikamwini, mkazi ndi ana ankalandira magawo awiri okha mwa magawo asanu, atatu n'kupita kwa achibale. Ndiye kuti ana awiri amasiye, wina wa ku Rumphi wina wa ku Zomba, lamulo linkawapatsa zosiyana chifukwa cha mmene makolo awo anakwatirana.

Mu 2011 Nyumba ya Malamulo inakhazikitsa lamulo latsopano la chuma chamasiye, ndipo kusiyanitsa kuja kunatha. Tsopano munthu akamwalira osasiya wilo, oyamba kuganiziridwa ndi mkazi kapena mwamuna wake, ana ake, ndi anthu amene ankadalira iye pa moyo wawo. Katundu wa m'nyumba, monga mipando, ziwiya ndi zogonera, amatsala ndi mkazi kapena mwamuna wa malemuyo. Mwana wamkazi ali ndi ufulu wofanana ndi wamwamuna. Kulanda katundu wa amasiye ndi mlandu woti munthu akhoza kumangidwa nawo, kaya wolandayo ndi mchimwene wa malemu kaya ndi makolo ake.

Wina angafunse kuti nkhani ya njinga ndi malata ikukhudzana bwanji ndi kachilombo ka HIV. Ikukhudzana kwambiri. Mayi amene walandidwa zonse amasowa ya thiransipoti yokatengera mankhwala. Mtsikana amene wasiya sukulu chifukwa chuma cha bambo ake chapita ndi azibambo aang'ono ndi amene amakopeka msanga ndi mwamuna wachikulire wa ndalama. Umphawi umene umabwera pambuyo pa maliro ndi khomo limene kachilombo kamalowera kachiwiri pabanja lomwelo.

Tiyenera kunena chilungamo kuti lamulo lili pa pepala silidziyendera lokha. Kumudzi mayi wamasiye amaopa kutengera apongozi ake kupolisi chifukwa mawa adzakumana nawo pamjigo ndi kumaliro. Nkhani ya munda wa makolo ndiye imavutanso koposa, poti malo otere amayendera mwambo ndi mafumu. Komabe taona kuti pamene munthu mmodzi pabwalo wangotchula kuti lamulo lilipo, olanda aja amayamba kubwerera m'mbuyo. Nthawi zambiri amadalira kuti wamasiyeyo sakudziwa kanthu. Kokadandaula kulipo: kwa amfumu, ku ofesi ya DC, ku ofesi yoona za chisamaliro cha anthu, kupolisi ku nthambi ya Victim Support Unit, ndi kubwalo la majisitireti.

Chokolo ndi kulowa kufa

Miyambo iwiriyi anthu amaisokoneza. Chokolo ndi pamene mchimwene kapena m'bale wina wa malemu atenga mkazi wamasiye kukhala mkazi wake. Kulowa kufa, kumene ena amati kupita kufa, kumadziwika kwambiri ku Nsanje ndi Chikwawa, ndipo ndi pamene wamasiye amagonana ndi munthu wina pofuna "kuchotsa imfa" pamudzi. Chikhulupiriro chake n'chakuti zikapanda kuchitika, anthu a pabanjapo adwala kapena kumwalira. Kawirikawiri kondomu saloledwa, poti amati mwambowo sungagwire.

Sitifuna kuti achinyamata muzinyoza makolo ngati anthu opanda nzeru. Chokolo chinali ndi cholinga chomveka: mayi ndi ana asasowe wowalimira, wowamangira nyumba ndi wowayankhulira pabwalo. Nthawi imeneyo kunalibe penshoni, kunalibe thandizo la boma. Cholingacho n'chabwino mpaka lero. Koma kusamala mlamu wako ndi ana a mchimwene wako sikulira kuti ulowe m'chipinda chake. Ukhoza kufolera nyumba, kugula yunifolomu ndi kulima munda popanda kugonana naye.

Tiganize mmene kachilombo kangayendere. Ngati malemu anali nako, mwina mkazi wake alinso nako. Wolowa chokolo akatenga, amakapatsira mkazi wake woyamba. Mayi ameneyo akatenga pakati asakudziwa, mwana naye ali pachiopsezo. Zikhozanso kuyenda mosemphana: mayi wamasiye amene analibe kachilombo n'kukatenga kwa amene wabwera kudzamusamalayo. Pa kulowa kufa chiopsezo n'chokulirapo, chifukwa amene amalembedwa ganyu yotere amakhala atapita makomo ambiri.

Lamulo lolimbikitsa kuti pasakhale kusiyana pakati pa amuna ndi akazi la mu 2013 limaletsa miyambo yoika moyo ndi ulemu wa munthu pachiswe. Mu 2016 bambo wina wa ku Nsanje, amene anaulula kwa atolankhani a BBC kuti ankagwira ntchito ya ufisi ali ndi kachilombo, anaweruzidwa kukakhala kundende zaka ziwiri pansi pa lamulo limeneli. Lamulo la HIV ndi Edzi la mu 2018 linatsindikanso kuletsa miyambo yotere. M'madera ena akuluakulu anapeza okha njira zina, monga kugwiritsa ntchito mankhwala azitsamba kapena mapemphero pomasula wamasiye, popanda kugonana. Kusintha kumene kwachokera kwa eni mwambo kumakhalitsa kuposa kumene kwabwera ndi mantha a apolisi, poti mantha amangochititsa kuti zinthu zizichitika usiku.

Mitala ndi mitundu ya maukwati

Lamulo la maukwati la mu 2015 limavomereza mitundu inayi ya ukwati: wa kwa DC kapena kuti wa boma, wa mwambo wa ankhoswe, wa kutchalitchi kapena kumzikiti, komanso wa anthu amene akhala limodzi ngati banja kwa zaka zosachepera zisanu, ngati bwalo la milandu latsimikiza. Onsewa ndi maukwati pamaso pa lamulo. Amene wamanga ukwati wa boma saloledwa kutenga mkazi wachiwiri, koma mitala ya mwambo ndi ya Chisilamu lamulo silinaithetse.

Pa mitala tingonena mwachidule. Kachilombo sikawerenga kuti ukwati ndi wovomerezeka kapena ayi. Pabanja la anthu atatu kapena anayi, mmodzi akazembera kunja, onse ali pachiopsezo, choncho onse ayenera kuyezetsa, makamaka pamene mkazi watsopano akulowa. Tisanalozenso chala a mitala, tikumbukire kuti bambo wa mphete ya kutchalitchi amene ali ndi chibwenzi chamseri kutauni ali pa mitala yobisika, ndipo yobisikayo ndi yoopsa kwambiri chifukwa mkazi wa kunyumba sadziwa n'komwe kuti ayenera kudziteteza.

Mwana si mkazi wa munthu

Apa ndi pamene lamulo lakana kugonjera mwambo uliwonse. Kafukufuku wa boma wa za umoyo ndi chiwerengero cha anthu wa mu 2015 ndi 2016 anapeza kuti mwa amayi 100 alionse a zaka 20 mpaka 24, amayi 42 anakwatiwa asanakwanitse zaka 18. Zifukwa zake ndi zosiyanasiyana. Kwina ndi umphawi, kwina ndi uphungu wa kuchinamwali umene umauza mwana kuti wakula akasase fumbi, kwina ndi kupimbira monga kunkamveka ku Karonga ndi Chitipa, pamene mwana wamkazi amaperekedwa pobweza ngongole.

Lamulo la mu 2015 linati munthu akwatire kapena kukwatiwa atakwanitsa zaka 18, koma malamulo oyendetsera dziko ankalolabe mwana wa zaka 15 kukwatiwa ngati makolo avomera. Mpata umenewu unatsekedwa mu February 2017 pamene aphungu anasintha malamulo oyendetsera dzikowo. Lero ngakhale bambo, mayi, amalume ndi amfumu onse atavomera, ukwati wa munthu wosakwana zaka 18 ndi wosaloledwa. Mfumu yaikulu Theresa Kachindamoto ya ku Dedza inatchuka dziko lonse lapansi chifukwa chothetsa maukwati a ana mazanamazana ndi kubwezera anawo kusukulu, ndipo inachita izi pogwiritsa ntchito mphamvu za ufumu womwewo umene umasunga mwambo.

Mtsikana wamng'ono akakwatiwa, kawirikawiri mwamuna amakhala wamkulu amene wayendapo kale. Thupi la mtsikanayo limakhala losakhwima, limachekeka msanga pogonana, ndipo kachilombo kamalowa mosavuta. Alibenso mphamvu youza munthu wa msinkhu wa bambo ake kuti tiyeni tikayezetse. Kafukufuku wa mu 2020 ndi 2021 anaonetsa kuti mwa anthu a zaka 15 kupita m'tsogolo, amayi oposa 10 mwa 100 alionse anali ndi kachilombo, pamene abambo anali 7 mwa 100.

Makomo a agogo, makomo a ana

Akuluakulu amati mwana wa mnzako ngwako yemwe, ndipo ndi mawu amenewa amene anapulumutsa ana amasiye ambiri m'dziko muno. Ambiri sanapite kumalo osungirako ana. Anatengedwa ndi agogo, azakhali ndi amayi aang'ono. Boma linazindikira kuti makomo oterewa akusenza katundu wolemera, ndipo mu 2006 linayamba ku Mchinji ndondomeko yopereka ndalama kwa mabanja ovutikitsitsa amene alibe munthu wamphamvu zogwirira ntchito, imene tonse timaidziwa kuti Mtukula Pakhomo. Pambuyo pake inafalikira m'maboma onse. Ndalama zake ndi zochepa ndipo si onse ovutika amene amalembedwa, koma pakhomo pa gogo amene akulera zidzukulu zisanu zimagula sopo, makope ndi ndiwo.

Pali vuto lina limene ife timakumana nalo kawirikawiri ndipo silikambidwa. Mwana amene anabadwa ndi kachilombo amasamutsidwa, chaka chino kwa agogo, chaka chamawa kwa amalume kutauni. Amene ankadziwa za mankhwala ake anali mayi ake okha, kapena agogo amene akuchita manyazi kuuza mkamwini. Mwana amafika kumalo atsopano opanda buku lake la kuchipatala, opanda kalata yosamukira, ndipo mankhwala akatha amangokhala chete. Pakatha miyezi ingapo tikumupeza atayamba kudwaladwala. Ngati pakhomo panu pakubwera kapena pakuchoka mwana amene amamwa ma ARV, payenera kupezeka wamkulu mmodzi wodalirika kumene akupitako amene auzidwe, ndipo kuchipatala apereke kalata yoti akapitirize kulandira mankhwala kumeneko. Izi zikukhudzanso abambo opita ku Joni, asodzi a kunyanja ndi ogwira ntchito m'maesiteti a fodya ndi tiyi.

Achinyamata mudziwenso kuti lamulo la mu 2018 limalola munthu wa zaka 13 kupita m'tsogolo kukayezetsa magazi ndi kulandira uphungu popanda kudikira chilolezo cha makolo kapena womulera. Izi zinaganizira ana ngati mnyamata wa mu kalabu uja, amene alibe wamkulu woti amuperekeze.

Pali mtundu wina wa banja umene kale anthu ankati sungatheke, pamene mmodzi ali ndi kachilombo mnzake alibe. Mabanja otere alipo ambiri, ndipo achibale sayenera kuwathetsa. Munthu amene akumwa ma ARV mwandondomeko mpaka kachilombo kuchepa kosaonekanso poyeza sapatsira mnzake pogonana. Amene alibeyo akhozanso kulandira mankhwala oteteza otchedwa PrEP, ndipo kondomu ikadali yothandiza. Kuyambira mu 2011 dziko la Malawi linayamba kupereka ma ARV a moyo wonse kwa mayi aliyense woyembekezera kapena woyamwitsa amene ali ndi kachilombo, njira imene maiko ena anatengera kuno, ndipo ana ochuluka akubadwa opanda kachilombo.

Za wilo

Titakamba izi mu kalabu, mtsikana wina anafunsa kuti angawauze bwanji bambo ake kuti alembe wilo osaoneka ngati akuwalodza. Tonse tinaseka, koma funsolo ndi lenileni, chifukwa kwathu kuno kutchula imfa munthu ali moyo kumaoneka ngati kuiitana. Tinagwirizana kuti mwana asayambe yekha nkhani yotere. Ndi bwino kudzera mwa mayi, mwa ankhoswe kapena mwa mkulu wa mpingo kapena wa mzikiti, kapena kupempha amfumu kuti nkhaniyi ikambidwe pamsonkhano wa mudzi wonse kuti pasapezeke woganiziridwa.

Wilo si ya anthu olemera okha, ndipo si ya odwala okha. Munthu wa zaka 18 kupita m'tsogolo amene mutu wake ukuyenda bwino akhoza kulemba, ngakhale m'Chichewa, ngakhale katundu wake ndi njinga, mbuzi zitatu ndi nyumba ya malata. Alembe momveka kuti chakuti chipite kwa uje, atchulenso amene akufuna kuti adzalere ana. Asayine kapena kudinda chala pamaso pa mboni ziwiri, nazonso zisayine, ndipo ndi bwino kusankha mboni zimene sizidzalandira kanthu pa chumacho. Akatero asaibise kudenga kumene chiswe kapena wachibale wadyera angaipeze. Akaisungitse pamalo odalirika monga ku ofesi ya DC, ndipo auzeko munthu mmodzi kapena awiri kumene ili.